Fyuzi ya Wailesi

Pakati pa Tartu ndi Võru, Lachinayi usiku,
mvula yosakanikirana ndi chipale ikuwomba galasi,
zopukutira zinangoima njii, pakatikati,
ngati munthu waiwala zomwe amafuna kunena.

Ndinapatuka, ndikuima pansi pa mitengo ya paini.
Wailesi inalibe nazo ntchito:
bambo wina ankadandaula za mtengo wa mkaka.

Endel, ukanakhalapo ukanati,
"Yamba ndi chotchipa, Ülle.
Usanatukwane mota, funsa fyuzi."
Zaka makumi atatu ndinkangoti eya, eya,
mtima uli kwina.

Ndinazimitsa injini, ndikuzula kiyi.
Ichi chokha ndinachigwira bwino.
Boneti ndinatsegula, mphepo ikundiluma makutu.
Kabokosi kakuda kalipodi pambali pa batire,
koma muli zikuluzikulu zokhazokha,
palibe chodziwana ndi galasi.

Ndiye kwinako.
Maondo pa matope ozizira, mutu kunsi kwa chiwongolero,
tochi pakamwa,
mayi wa zaka makumi asanu ndi limodzi
akupapasa ngati wataya ndolo m'tchalitchi.
Chivindikiro chinati phwa!

Kuseri kwake kuli mapu.
Nyali, hutala, choyatsira fodya,
tizithunzi tochepa ngati nthata.
Magalasi anga ali pathebulo kunyumba.
Ndinatalikitsa mkono, ndikutsinzina diso limodzi:
mzere wachiwiri, yachinayi kuchokera kumanzere.
Yabuluu. Khumi ndi zisanu.

Kopanira kapulasitiki kanali pomwe unakasiya.
Ndinapana, ndikugwedeza, ndikukoka
monga ndinkazulira mano a Maarika ali mwana.
Inatuluka yosalira.

Pa kuwala kwa tochi nkhani inali poyera:
kawaya kam'kati kaduka,
mbali ziwiri zikuyang'anana pa kampata,
ndi kabanga kakuda ngati mwaye.
Kanthu kochepa chonchi
kanapangidwira kupsa kokha
kuti moto usafike kwa anzake.

Malo a zosungira ndinapeza mbee.
Iwe Endel iwe!
Wophunzitsa anthu mwambo,
unagwiritsa ntchito osabwezera.
Ndinakukalipira mokweza, m'nkhalango,
ndipo zinandikomera.

M'kabati ya kutsogolo, pansi pa malisiti akale,
munali yobiriwira imodzi. Makumi atatu.
Miyendo yake ndi yomweyo, ikanalowa bwinobwino.
Ndinaigwira nthawi yaitali.
Koma ndinaona ndi maso anga veni ya Aivar
ikuyaka pabwalo la sitolo,
iye ataima ndi chidebe chopanda madzi,
chifukwa cha kapepala konyezimira ka m'paketi ya fodya.
Mlonda wosafa msanga amaphetsa nyumba.

Ndinabwerera ku mapu.
Ndani wina wavala buluu
yemwe ndingagone osamufuna?
Nyali ayi. Chotenthetsa ayi.
Wailesi.

Chichokereni iwe sindinaizimitsepo.
Imayamba ndi kiyi, imatha ndi kiyi,
imakhala pampando wakowo.

Ndinaizula.
Ndinaikankha ndi chala chachikulu pamalo a yopsa ija
mpaka inakhala.
Ndisanayatse ndinakumbuka kufunsa chomwe chinaipha:
chipale chinali chitaundana m'munsi mwa galasi,
chitamanga mikono ya zopukutira.
Ndinachikanda ndi khadi ya ku laibulale.

Kiyi.
Kwee, kwaa. Kwee, kwaa.
Msewu unabwerera.

Makilomita makumi awiri otsalawo
palibe anayankhula za mkaka.
Ndinamva matayala akuphwanya madzi,
kabotolo kakugubuduka pansi pa mpando,
ndi mpweya wanga.
Sindinadziwe kuti ndimapuma mokweza chotere.

Mawa ndigula paketi yonse ku Võru,
zofiira, zabuluu, zachikasu,
ndidzaze malo onse unasiya.
Za wailesi ndiona.

Yopsayo ili m'thumba la jasi,
pamodzi ndi chenji ndi kiyi wa nyumba.
Ndikapisa dzanja imandibaya pang'ono.